Momwe mungayambitsire gulu lowerenga nthano zazitali za amayi amene moyo unawatembenukira

Gulu lathu latha zaka zitatu tsopano. Tilipo amayi 7, timakumana kamodzi pa mwezi, ndipo timawerenga nthano zazitali zimene mpangankhani wamkulu ndi mayi amene wagweredwa chinthu chosintha moyo wake wonse: umasiye, nkhondo, matenda, ndende, kusowa mwana. Anthu akhala akundifunsa momwe tinayambira, ndiye ndati ndilembe pano, pamodzi ndi malo amene ndinapunthwa kuti inu mudzawalambalale.

Choyamba, anthu

Musapitirire 8. Mukachuluka, olankhula amakhala atatu omwewomwewo, ena amangogwedeza mutu mpaka nthawi yobalalika. Za kupeza anthu sindichedwapo, aliyense ali ndi anzake. Koma musasonkhanitse amsinkhu umodzi. Nkhani ya mayi amene mwamuna wake wamubweretsera mkazi wachiwiri, mtsikana wa zaka 24 amaimva mwina, mayi wa zaka 60 amaimvanso mwina, ndipo kukoma kwa gulu kumachokera pa kusiyanako.

Chachiwiri, mndandanda wa mabuku

Konzani wa miyezi 6 yokha, osati chaka chonse, chifukwa mudzausintha ndithu. Muonetsetse kuti mitundu ya nthano ikusinthanasinthana. Mukatsatizana mabuku atatu a mavuto a m'banja, pofika lachitatu anthu amayamba kubwereza zimene ananena mwezi watha.

Yambani ndi lalifupi. So Long a Letter la Mariama Bâ wa ku Senegal linatuluka m'Chifalansa mu 1979, n'kukhala loyamba kupata mphoto ya Noma, ya mabuku osindikizidwa mu Africa, mu 1980, ndipo lomasulira m'Chingerezi silikwana masamba 100. Ndi kalata imene Ramatoulaye, mphunzitsi komanso mayi wa ana 12, akulembera mnzake Aissatou ali m'masiku olira mwamuna wake Modou, yemwe anamusiya n'kukwatira Binetou, mnzake wa mwana wawo wamkazi. Aliyense amalimaliza, ndipo anthu akamaliza buku loyamba amabweranso mwezi wotsatira.

Pa nthano za mbiri yakale pali Half of a Yellow Sun la Chimamanda Ngozi Adichie, la 2006, lotsatira mapasa Olanna ndi Kainene m'nkhondo ya Biafra, yapachiweniweni ya ku Nigeria, ya 1967 mpaka 1970. Limeneli ndi lonenepa, masamba oposa 400, lipatseni masabata 6. Pa za umbanda tinatenga My Sister, the Serial Killer la Oyinkan Braithwaite, la 2018: Korede ndi namwino ku Lagos, ndipo mng'ono wake Ayoola akapha chibwenzi, wopukuta magazi amakhala Koredeyo. Mitu yake ndi yaifupi kwambiri, ena analimaliza usiku umodzi. The Book of Memory la Petina Gappah, la 2015, limakulowetsani m'ndende ya Chikurubi ku Harare, komwe mayi wachialubino wogamulidwa kuti aphedwe akulemba mbiri yake.

Pali mtundu umene anzanga ankaukana poyamba, wa nthano za zinthu zosatheka m'moyo weniweni. Ankati n'zachibwana. Ndinawakakamiza Kindred la Octavia Butler, la 1979, momwe Dana, mayi wachikuda wa ku Los Angeles, amangozimiririka m'chaka cha 1976 n'kupezeka ku Maryland, ku America komweko, m'nthawi ya ukapolo. Tsamba loyamba lomwe limakuuzani kuti ulendowo unamudula mkono. Tsiku limenelo tinakambirana mpaka kunja kunada. Pa za matenda pali Still Alice la Lisa Genova, lonena za pulofesa wa ku yunivesite ya Harvard wa zaka 50 amene wapezeka ndi matenda oiwalitsa a Alzheimer's ndipo mawu ayamba kumuthawa. Ikanimonso lakale limodzi: Jane Eyre la Charlotte Brontë, la 1847, momwe mwana wamasiye amakula, n'kukonda, n'kudzazindikira pa tsiku la ukwati wake kuti mwamunayo ali ndi mkazi kale.

Chachitatu, kupeza mabukuwo

Simufunika buku la munthu aliyense. Atatu amakwanira anthu 7 mukamapatsirana, bola wowerenga msanga atenge koyamba. Funsani kaye ku laibulale. Pogula, sankhani a chikuto chofewa komanso owerengedwapo kale, chifukwa a chikuto cholimba mtengo wake umakwera pachabe, mawu m'kati ndi omwewo. Jane Eyre musagule n'komwe ngati muli ndi foni yowerengera: mlembi wake anamwalira mu 1855, ndipo bukulo lili pa intaneti, pa tsamba la Project Gutenberg, mwaulere, movomerezeka.

Chenjerani ndi ogulitsa mabuku osindikiza mwakuba. Chikuto chimawala bwino, koma mukatsegula zilembo zina zimakhala zofufuma, zina zosaoneka, ndipo zomatira zimasiya pakangotha sabata. Mabuku amasindikizidwa m'timitolo ta masamba 16 kapena 32, ndiye lachinyengo likasowa masamba limasowa kamtolo konse nthawi imodzi. Musanapereke ndalama, yendetsani chala chachikulu m'mphepete mwa buku mukuyang'ana manambala a masamba. Lina limene tinagula linalumpha masamba 32, n'kubwerezanso amene tinawerenga kale, ndipo wogulitsayo anakana kuti silinachoke kwa iye. Ma PDF amene amayenda pa WhatsApp nawo ndi chimodzimodzi: ena ndi oduka, ena ndi chidule chabe chovekedwa dzina la buku, ndipo mlembi amene anakhalira pansi zaka zambiri sapezapo kanthu.

Chachinayi, liwerengeni nokha musanalipereke kwa anthu

Apa ndi pamene ndinalakwitsa, ndipo ndikalankhulapo motalika mundikhululukire.

Mwezi wathu wachisanu ndinaika Stay With Me la Ayobami Adebayo, la 2017. Ndinali ndisanaliwerenge. Ndinangoona mawu a kuseri kwa chikuto, onena za Yejide ndi Akin amene atha zaka zinayi m'banja opanda mwana, achibale n'kubweretsa mkazi wachiwiri. Ndinati nkhani yabwino, tikambirana za apongozi ndi za mitala. Chimene sindinadziwe n'chakuti m'kati mwa bukulo Yejide amadzabereka, ndipo ana ake awiri amamwalira motsatizana, wina ali khanda, wina atavutika ndi matenda a m'magazi a sickle cell.

M'gulu mwathu munali mayi amene anali atataya mwana wake wamwamuna chaka chimodzi m'mbuyomo. Ndinkadziwa. Pamaliro ndinalipo.

Kutatsala masiku awiri kuti tikumane, anafika pakhomo panga. Ndinawapatsa mpando koma sanakhale. Bukulo analigwira ndi manja awiri, ndipo pakati pake panali kaulusi kofiira kosonyeza pamene analekezera. Analiika patebulo mwapang'onopang'ono ngati chinthu chosweka, n'kunena kuti, "Achemwali, mukanandiuza." Sanawonjezere china. Atapita ndinatsegula pa kaulusi paja, ndinawerenga masamba awiri nditaimirira, ndipo miyendo inazizira. Anatha miyezi inayi osabwera. Ndinapita kukapepesa, anandilandira bwino, koma anandiuza kuti usiku umene anafika pa tsamba limenelo sanagone, ndipo kwa sabata yonse sanathe kulowa m'chipinda chimene mwana uja ankagona.

Bukulo lilibe mlandu, ndi labwino kwambiri ndipo ndimalilimbikitsabe. Mlandu unali wanga. Mabuku a mtundu umenewu amakamba zinthu zimene amayi amene mwakhala nawowo zinawachitikira, zina mukuzidziwa, zambiri simukuzidziwa.

Tsono chitani chonchi. Buku lililonse muliwerenge mpaka kumapeto lisanalowe pa mndandanda. Ngati nthawi yachepa, gawanani, koma pakhale munthu mmodzi amene walimaliza. Powerenga lembani pa kapepala zolemera zimene zilimo: imfa ya mwana, kupita padera, kugwiriridwa, kudzipha, nkhanza za m'banja. Musalembe tsatanetsatane, mawu awiri kapena atatu ndi okwanira. Kapepalako tumizani kwa aliyense payekha, osati pagulu, kuti wofuna kudumpha mwezi umenewo asasowe pobisa nkhope. Ndipo wodumpha asafunsidwe chifukwa.

Ena adzadandaula kuti mwawaululira nkhani. Ine ndimawayankha kuti kudziwa kuti m'buku muli imfa sikuchotsa kukoma kwake, ndipo amene safuna chenjezolo angathe kusalitsegula. Mabuku ena sakupatsani n'komwe mpata wokonzeka. The Color Purple la Alice Walker, la 1982, limayamba tsamba loyamba ndi Celie wa zaka 14 akufotokozera Mulungu za kugwiriridwa kwake. Beloved la Toni Morrison, la 1987, linachokera pa nkhani yoona ya Margaret Garner, amene mu 1856 anapha mwana wake wamkazi pofuna kuti asabwezedwe ku ukapolo. Mabuku ngati amenewa simungangomupatsira munthu m'manja ngati nyuzipepala.

Koma musapitirirenso malire n'kuyamba kusankhira anthu. Nditapsa ulendo uja ndinayamba kuopa chilichonse, moti titafuna kubwereza So Long a Letter chifukwa cha anthu atsopano, ndinafuna kulichotsa poganizira mayi wina amene anali atangoferedwa mwamuna. Nditawafunsa paokha, anati, "Iyayi amayi, limenelo ndiye ndikulifuna." Tsiku lokumana ndi amene analankhula kwambiri, ndipo anatiwerengera mokweza ndime imene anaidula mzere ndi pensulo. Ntchito yanu ndi kuchenjeza, kusankha n'kwa mwini wake. Mayi a kaulusi aja atabwerera, ndi amene anadzipereka kumawerengeratu mabuku ndi kulemba timapepala ta chenjezo, ndipo amaona zinthu zimene ine zimandidutsa.

Mukamaliza buku lolemera, lotsatira likhale lopepukirapo.

Zotsalazo

Tsiku lokumana likhale lokhazikika, ndipo ola limodzi ndi theka ndi lokwanira. Wotsogolera azisinthana mwezi ndi mwezi, abwere ndi mafunso atatu basi. Limene limatsegula pakamwa pa anthu nthawi zonse ndi ili: ndi pati pamene munalitseka buku n'kukhala kaye chete? Amene sanamalize abwere ndithu, koma asaletse ena kukamba za mathero. Zimene munthu waulula za moyo wake zithere pomwepo, ndipo lamulo limeneli linenedwe mokweza tsiku loyamba.

Mukhale ndi kope lolembamo amene watenga buku lililonse ndi tsiku limene watengera. Ife tinayamba mochedwa, ndipo Half of a Yellow Sun lathu limodzi silinabwerebe mpaka lero.