Kujambula Filimu ya Kuseri kwa Msika, Phokoso Likutsata Chithunzi

Anthu odutsa pa Lizulu mumsewu wa M1 amaona milu ya kachewere, kabichi ndi tomato, koma sadziwa nyumba za kuseri kwa msika kumene kumagona onyamula matumbawo. Filimu yoyesa njira zachilendo ingathe kuonetsa dera lotere popanda wofotokoza nkhani kapena nyimbo yomvetsa chisoni, ngati wojambula alola kuti chithunzi chilichonse chizilamula phokoso lake.

Yambani ndi kupempha chilolezo kwa amfumu, kwa a komiti ya msika ndiponso kwa aliyense amene adzaoneke, ndipo mwana asajambulidwe makolo ake asanavomere. Pamalopa msewu umatsata malire a Malawi ndi Mozambique, choncho kamera ikhale mbali ya kuno.

Jambulani zithunzi zokha poyamba, foni itakhazikika osagwedezeka, pa mafelemu 25 pa sekondi (ndiye kuti kamera izitola zithunzi 25 pa sekondi iliyonse), ndipo musafulumire kudula. Phokoso mulitenge tsiku lina pa mlingo wojambulira mawu wa 48 kHz: chigayo, mjigo, unyolo wa kabaza, malata akamathetheka dzuwa likakwera. M'miyezi ya June ndi July mphepo ya mwera imawononga mawu, motero kulungani maikolofoni ndi siponji.

Ntchito yeniyeni ili polumikiza. Onerani zithunzizo mutatseka mawu, mulembe chimene chikusintha m'chilichonse, kaya ndi kuwala, liwiro la miyendo kapena kuchuluka kwa anthu, kenako mudziikire lamulo. Mwachitsanzo, kuwala kukamawonjezeka kulira kwa chigayo kuzikwera, mayi wosenza ndowa akalowa m'chithunzi mjigo uziyamba kulira, ndipo akatuluka pazingoti zii. Lamulolo lisasinthe mpaka pamapeto, chifukwa woonera amaliphunzira pang'onopang'ono, ndipo akalizindikira amayamba kuyang'anitsitsa zinthu zimene akanazidutsa. Norman McLaren, wopanga mafilimu amene ankagwira ntchito ku Canada, ankalemba phokoso ndi dzanja pa tepi ya filimu. Lero pulogalamu yaulere ya Audacity imatha kukweza, kutsitsa kapena kutalikitsa mawu pa kompyuta wamba. Ine ndimaumirira kuti phokoso lonse lichokere m'deralo, pakuti lotengedwa pa intaneti limachititsa anthu a pa Lizulu kuoneka ngati osauka a kwina kulikonse.

Filimu isanapite kwina, ionetseni kwa eni dera madzulo pa nsalu yoyera, ndi sipika yomveka bwino. Chithunzi chimene mwini wake wachikana chichotsedwe pamodzi ndi phokoso lake, ndipo mulumikizenso malo otsalawo motsata lamulo lomwe lija.