Kuyeza shuga pakhomo ndi kamakina kaja, momwe mungachitire

Mayi anga ali ndi matenda a shuga ndipo amakhala ku Santhe, nde zoti azikwera minibasi kupita pa boma nthawi iliyonse akamva chizungulire zinali zosatheka. Tinawagulira glucometer, kamakina koyezera shuga m'magazi. Kuyeza kwake sikovuta, koma pali tizinthu timene timanamiza nambala.

Choyamba sambani m'manja ndi sopo, mupukute ziume bwinobwino. Apa musachite ulesi. Tsiku lina mayi anayeza atangomaliza kusenda mango, kamakina kanaonetsa 17, tonse mitima m'mwamba tayamba kale kusaka wa kabaza, atasamba n'kuyezanso kanangoti 9. Kanawerenga shuga wa mango amene anali pachala.

Kenako tulutsani strip imodzi (kapepala koyezera kamene kamakhala m'kabotolo), kabotolo mutseke pompo, strip ija mulowetse m'kamakina, kamayaka kokha. Ikani kasingano katsopano m'kapeni kobayira n'kubaya m'mbali mwa nsonga ya chala, osati pakatikati, pamenepo pamawawa zedi. Magazi akavuta kutuluka lendewetsani dzanja pansi kaye n'kusisita chala kuchokera kutsinde, osafinya ngati mukukama ng'ombe ayi. Dontho ligunde kunsonga kwa strip, imayamwa yokha, pakangopita masekondi ochepa nambala yatuluka.

Nde nambalayo ikutanthauza chani? Makina ena amawerenga mu mmol/L ena mu mg/dL, nambala ya mmol/L mukaichulukitsa ndi 18 mwapeza ya mg/dL basi. Kwa odwala shuga ambiri, m'mawa musanadye kanthu izikhala pakati pa 4 ndi 7 pa makina a mmol/L, kapena 72 mpaka 126 pa makina a mg/dL. Pakatha maola 2 chidyereni nsima isapitirire 10, yomwe ndi 180. Koma adokotala akakupatsani malire anuanu tsatirani amenewo.

Yoopsa mwachangu ndi yotsika, makamaka kwa amene amabaya insulin kapena kumwa mapiritsi a glibenclamide n'kupita kumunda osadya. Ikatsika pansi pa 4, munthu akunjenjemera, thukuta lili kamukamu, sungunulani masupuni a tiyi 3 a shuga m'madzi amwe, kapena theka la botolo la Fanta, muyezenso pakatha mphindi 15. Ngati wakomoka osamumwetsa chilichonse, angatsamwe, thamangirani naye kuchipatala. Chimodzimodzi kamakina kakalemba HI (kutanthauza kuti shuga wakwera kwambiri), kapena shuga wakwera munthu akusanza.

Lembani nambala iliyonse m'kope, tsiku, nthawi ndi zomwe munadya, muzilitenga limodzi ndi buku la kuchipatala tsiku la kiliniki. Mankhwala osachepetsa kapena kuwonjezera nokha chifukwa cha nambala imodzi.

Kasingano osabwerekana ngakhale ndi amuna anu kapena akazi anu, kogwiritsa kale ntchito ponyani m'botolo lolimba la chitsekerero ana asakatole. Ma strip amawonongeka ndi chinyezi komanso kutentha, dzuwa la Okutobala la ku Kasungu kuno musawasiye pawindo. Mukamakagula ena ku famase tengani kabotolo kakale, strip ya Accu-Chek sigwira m'makina a mtundu wina, ndipo muone deti yothera musanalipire.