Cobbler wa mango ndi mabuluberi pa mbaula

Achemwali, mwafunsa ngati cobbler, zipatso zophikidwa ndi kakeke pamwamba pake, angatheke kuno ku Kasungu popanda uvuni. Atheka, mbaula ikukwanirani.

Sendani mango akupsa 4, makamaka maboloma chifukwa alibe ulusi wambiri, muwadule timagawo. Sakanizani ndi kapu imodzi ya mabuluberi, masipuni 3 a shuga, sipuni imodzi ya fulawa ndi madzi a theka la ndimu. Mabuluberi ndi odula, mpaka mukawasake m'masitolo akuluakulu ku Lilongwe. Ine ndimangotchola mabulosi m'malo mwake. Thirani zonsezi m'sefuliya yopakidwa majarini.

Kenako za pamwamba. Phatikizani kapu ya fulawa, kota ya kapu ya shuga, tiyisipuni imodzi ndi theka ya baking powder ndi kamchere. Fikisanimo masipuni 4 a majarini ndi zala mpaka zikhale nyenyeswa, muthire theka la kapu ya mkaka. Musakande ngati za mandasi, angalimbe. Ponyani ndi sipuni pamwamba pa zipatsozo, kusiya mipata yoti nthunzi izitulukira.

Vundikirani, makala ochepa pansi, ambiri pa chivundikiro, ngati mukuphika chikondamoyo. Pakatha mphindi 35 suzumirani. Pamwamba pakafiira ndipo msuzi ukubwata m'mbali, phulani. Ngati muli ndi uvuni, ikani pa madigiri 180.