Fobia ikakukanikani, yambani mwaika update musanaitaye

Amene mumakonda magemu oopsa aja ofuna kuganiza, Fobia - St. Dinfna Hotel muyenera kuti mukuidziwa. Inapangidwa ku Brazil ndi kagulu kochepa ka Pulsatrix Studios ku São Paulo, inatuluka mu June 2022 pa PC, PlayStation ndi Xbox. Umasewera ngati Roberto, mtolankhani amene wapita mtauni ya Treze Trilhas kukafufuza nkhani, kenako hotela yomwe wagona ija imasanduka bwinja ndipo chomuthandiza ndi kamera yoonetsa zinthu za nthawi ina. Khoma lomwe ndi maso ukuona lotseka, pa kamera pali chibowo kapena manambala a loko.

Nde vuto lili pamenepo. Gemu ngati iyi ntchito yake ndi kukusokoneza mutu dala, ndiye chitseko chikakana kutseguka sudziwa ngati ndi puzzle yomwe sunaimvetse kapena ndi bug basi, cholakwika cha mu gemu momwemo. Munthu umazungulira makolido omwewo mpaka mantha onse kutha, kutsala kunyasidwa. Kwa ine phindu lenileni la update, mafayilo atsopano omwe opanga gemu amatulutsa okonza zolakwika, ndi limeneli, imakubwezera chikhulupiliro choti chikakana ndekuti yankho lilipo penapake, ungofunika kuyang'ananso bwino. Zina zomwe ma update a magemu otere amakonza ndi kudukizaduka kwa zithunzi, controller yosamvera, mawu omasulira olakwika. Omasulirawo musawaderere, gemu yochokera ku Chipwitikizi mawu amodzi mukalata yomwe mwatola akalakwika puzzle yonse imatayika.

Kaye musanadawunilode chilichonse sungani save yanu. Pa kompyuta magemu ambiri opangidwa ndi pulogalamu ya Unreal Engine amaika ma save mu foda yotchedwa AppData, mulowe mu Local, mupeze foda ya gemuyo muikopere pa flash kapena pa desktop pomwepo. Sizitenga nthawi koma zimapulumutsa mtima.

Mukatero tsegulani Steam, pulogalamu yogulira ndi kusewerera magemu pa kompyuta, pitani ku Library, dinani kumanja pa dzina la gemu musankhe Properties kenako Updates. Apa mutha kuiuza kuti izidzipanga yokha nthawi zonse kapena pokhapokha mukaitsegula. Ngati mumadalira bandulo ngati ambirife sankhani yachiwiriyo, komanso mu Settings pa Downloads mungathe kuika maola oti izidawuniloda, muike usiku pomwe intaneti imakhalako bwino. Pa PlayStation ndi kungoloza gemuyo, kudina Options ndi kusankha Check for Update. Pa Xbox zili mu My games & apps, pa Manage.

Ikatha musathamangire Play. Werengani ma patch notes, mndandanda wa zomwe update yakonza, amakhala pa peji ya gemuyo mu Library momwemo, chifukwa ndi mmene mungadziwire ngati malo omwe munakanirira aja akonzedwa. Kenako bwererani ku Properties, pa Installed Files, dinani Verify integrity of game files. Netiweki ikaduka pakati kapena magetsi kuthima fayilo imatha kuonongeka, nde munthu nkumanena kuti update yaononga gemu pomwe ndi fayilo imodzi yokha, Steam imaibwezeretsa yokha.

Tsopano lowani, pitani pamalo pomwe panakuvutani paja, yang'anani ndi maso kenako ndi kamera, khoma lililonse, pansi, kudenga komwe. Onaninso brightness ndi sound mu settings poti nthawi zina zimabwerera mwakale. Koma chonde musawalitse kwambiri, mdima uja ndi theka la gemu yonse, ndipo valani ma headphone.

Ngati zikukanabe lembani mu Steam Discussions ya gemuyo, munene chipinda chake, zomwe munali mutanyamula, makina anu ndi otani, muikepo ndi screenshot. Magulu ang'onoang'ono ngati awa alibe anthu mazanamazana oyesa gemu, amadalira ife osewera kuwauza pomwe pathyoka. Ndipo ma copy ongokopedwa kwa anzathu aja salandira update, bug yomwe inakonzedwa kalekale inu mumakhala mukulimbana nayobe. Dikirani sale ya Steam mugule yeniyeni, ndalamayo ikawathandize anyamata a ku São Paulo kupitiliza kukonza.