Kavalidwe ndi Kasamalidwe ka Kacikwama ka M'ciuno

Kacikwama aka kali ndi thumba lalikulu la zipi, kathumba kobisika kumbuyo kamene kamagunda thupi, lamba, ndi cotsekera ca pulasitiki. Cotsani mapepala amene ali mkati, zunguzani lamba m'thupi, lowetsani cotsekera mpaka cilire. Ngati sicinalire, sicinagwire. Pomasula, finyani timano take ta m'mbali tonse tiwiri nthawi imodzi.

Cimene cimavuta ambiri ndi lamba. Pa lambayo pali kapulasitiki ka mipata iwiri kamene lamba amapyolamo, ndipo ndiko kamamufupikitsa kapena kumutalikitsa. Pomangitsa, gwirani nsonga ya lamba n'kukoka. Pokhwefula, yambani mwatukula m'mphepete mwa kapulasitikako, lamba adzatsetsereka yekha. Mukamakoka mwamphamvu kapulasitiki kali cigonere, ulusi wa m'mbali mwa lamba umayamba kunyenyeka, ndipo lamba wotero sagwiranso bwino, amangokhwefuka muli pa ulendo. Muyeso wabwino ndi wakuti zala ziwiri zilowe pakati pa lamba ndi thupi. Yesani mutaimirira, kenako mutakhala pansi, cifukwa munthu akakhala mimba imatulukako pang'ono, ndiye lamba amene anali bwino poimirira amayamba kuluma. Nsonga yotsala ilowetseni m'kamphira kamene kali pa lamba. Isamalendewere, makamaka ngati mumagwira nchito pafupi ndi makina ozungulira kapena mumapalasa njinga.

Opanga amanena njira zitatu zovalira. Yoyamba ndi ya m'ciuno: kacikwama kakhale pa mafupa a m'ciuno, osati pamimba, ndipo mukakasunthira pang'ono kumbali simukapana mukawerama. Yaciwiri ndi yopingasa pacifuwa, imene pa mapepala a malonda amailemba kuti crossbody. Apa lamba amadutsa paphewa limodzi n'kupita kunsi kwa mkono winawo, kacikwama n'kukhala copendekeka pakati pa cifuwa. Talikitsani lamba musanalowetse mutu. Yesani mapewa onse awiri, muone kumene dzanja limene mumagwiritsa nchito kwambiri likufika pa zipi popanda kupotokola mkono. Kakatsika mpaka pamcombo kamagunda thupi pa sitepe iliyonse, conco kakwezeni kuti kagone pansi pa cifuwa penipeni.

Yacitatu ndi yoika kacikwama kumsana. Malangizo a opanga amailola, koma ine ndikucenjezani. Pamene anthu athithikana, opisa m'matumba amatsegula zipi ya kumsana mwini wake osamva kanthu. Ngakhale kacikwama kali kutsogolo, onani kumene cotsekera cagwera: cikakhala pakati pa msana, munthu wa kumbuyo kwanu akhoza kucifinya ndi zala ziwiri, kacikwama n'kupita. Cisunthireni pambali, pamene mkono wanu umagona, kapena valani jekete pamwamba pa lamba. Apanjinga nawonso asaike makiyi ambiri kapena cinthu colimba molunjika fupa la msana, pakuti pogwa cagada ndi pomwepo pamene pamamenya pansi.

Za kukula kwake. Pakalembedwa 1L kapena 2L, akunena malita a malo a mkati, osati kulemera kumene kanganyamule. Ka lita imodzi kamakwana foni, makiyi, makadi ndi ndalama zocepa. Pasipoti ndi ya mamilimita 125 mulitali ndi 88 mulifupi, ndipo khadi la ku banki ndi pafupifupi 86 ndi 54, conco zonsezi zimalowa bwino m'kathumba ka kumbuyo, kamene ndiko malo ake oyenera. Foni ipimeni ili m'cikuto cake, ndipo yerekezani ndi kutalika kwa zipi, osati kwa kacikwama konse, cifukwa pakamwa pamacepa kuposa thumba. Makiyi asakhale thumba limodzi ndi foni, amakanda galasi. Mukaona kuti mukutseka zipi mocita kukankha katundu ndi cala, mwadzaza mopitirira, ndipo mano a zipi ndi amene amayamba kugonja.

Tsopano za kufananitsa ndi zovala. Ka nayiloni kamayenera zovala zamasewera, jinzi ndi malaya wamba. Ka cikumba, kopyapyala, kopanda zolembalemba, kamatha kuvalidwa ndi zovala za ku ofesi kapena za pa cikondwerero. Pa diresi yotayirira kapena jekete yaitali, kuvala kacikwama pamwamba n'kumangitsa pang'ono kumaonetsa ciuno ngati mmene lamba wamba amacitira, ndipo kunena zoona pamenepa m'pamene kamakongola kwambiri. Ngati zovala zili ndi maluwamaluwa kapena mitundu yambiri, sankhani ka mtundu umodzi wosawala. Ngati zovala n'zamtundu umodzi, kacikwama kowala kamadzutsa covala conse. Kufananitsa mtundu wake ndi nsapato sikulakwika. Pamene mwavala buluku wa lamba wa citsulo cacikulu, valani kacikwama copingasa, kuti zotsekera ziwiri zisaunjikane malo amodzi.

Pali zina zimene opanga sanena kawirikawiri. Lamba wa nayiloni wokhakhala amakwecesa juzi ya ubweya ndi nsalu zosalala monga silika, mpaka paphewa pamatuluka timibulu ta ulusi. Cikumba copakidwa utoto wakuda cikanyowa ndi thukuta kapena mvula cimatha kusiya mzere pa malaya oyera. Nayonso jinzi yatsopano imadetsa kacikwama koyera ndi utoto wake wabuluu, umene sucoka msanga. Musanavale koyamba, pukutani kumbuyo kwa kacikwama ndi kansalu koyera konyowa pang'ono. Kansaluko kakasintha mtundu, dziwani kuti malaya anunso adzatero.

Mau awiri a pa kapepala kamene kamabwera ndi kacikwama afunika kuwamvetsa bwino. Water-resistant akutanthauza kuti nsalu imakana madontho ndi mvula yowaza kwa kanthawi, koma madzi amalowabe pa zipi ndi m'misoko, mmene singano inaboola. Waterproof ndiye kamene misoko yake inamatidwa kuti madzi asalowe. Ngati kanu n'ka mtundu woyambawo, pa mvula yamphamvu kabiseni mkati mwa jekete, kapena ikani foni ndi pasipoti m'kapepala ka pulasitiki kotseka. Pakalembedwa RFID, ndiye kuti m'kathumba kena anaikamo nsalu yosakaniza ndi citsulo, yochinga makina owerenga makadi ongogunditsa polipira. Citetezo cimeneci cili m'kathumba kokhako, osati m'kacikwama konse.

M'galimoto, vulani kacikwama kapena kasunthireni kumbali, kuti lamba wa pampando agone pa mafupa a m'ciuno popanda comuchinga. Pa bwalo la ndege adzakuuzani kuti mukavule pofufuza katundu, ndipo makampani ena a ndege amakawerengera ngati cikwama ca m'manja, conco siyani malo oti kalowe m'cikwama cacikulu.

Ka nayiloni kacapeni ndi manja m'madzi ofunda pang'ono, osapitirira madigiri 30, ndi sopo wosaluma. Mswaci wakale umacotsa litsiro la m'makona. Musakaike m'makina ocapira kapena oumitsira, musakasite. Kayanikeni pamthunzi zipi zili zotsegula, ndipo kaume ndithu musanakasunge, kuti kasacite nkhungu. Ka cikumba sikaviikidwa m'madzi: kapukuteni cabe, n'kupaka mafuta a cikumba mwa apo ndi apo, kutali ndi dzuwa ndi moto, cifukwa kutentha kumaumitsa cikumba mpaka kung'aluka. Zipi ikayamba kulimba, pakani mano ake nsonga ya pensulo kapena kandulo, n'kuiyendetsa uku ndi uku pang'onopang'ono. Cotsekera cikathyoka dzino, kacikwama sikanathe nchito. Zotsekera zimagulitsidwa pazokha malinga ndi kukula kwa lamba, ndipo malamba ambiri ndi a mamilimita 25 kapena 38 mulifupi, conco pimani wanu musanagule cina.