Momwe woyimba m'bandi angayambire kupeka nyimbo za m'filimu

Glen Hansard wa ku Ireland anayamba ndi kuyimba gitala m'misewu ya Dublin, mu 1990 n'kuyambitsa bandi ya The Frames. Mu 2007 anasewera m'filimu ya Once, ndipo nyimbo yomwe anapeka ndi Markéta Irglová inawina mphoto yaikulu ya mafilimu ya Oscar mu 2008. Dailekitala wa filimuyo, John Carney, anali woyimba bass m'bandi yomweyo kale. Choncho poyambira ndi anzanu omwe: funsani mwa iwo amene akujambula kafilimu kapena kukonza sewero, mumuuze kuti nyimbo mupanga ndinu.

Zida sizichuluka. Laputopu, audio interface (kachipangizo kolumikizira maiki ndi gitala ku laputopu), maiki imodzi, mahedifoni ndi gitala yanu basi. Pulogalamu ya Reaper imalola kuyika kanema n'kumayimba mukuonera, layisensi yake ndi madola 60, komanso amakupatsani masiku 60 oyeserera ulere. Anyamata a m'tauni ogulitsa mapulogalamu obera pa fulashi asiyeni, mumagula ndi ma virus omwe. Interface yogwirapo kale ntchito ndi yotchipa, koma muiyese pomwepo musanapereke ndalama.

Tsono mvetsetsani apa, chifukwa ndi pomwe ndinalira. Musajambule nyimbo yeniyeni filimu isanathe kudulidwa. Ine anandipatsa kanema ati watha, ndinakhala usiku ndi usiku kulinganiza gitala kuti igunde ndendende pomwe mtsikana akutseka chitseko. Nditatumiza, dailekitala anali atachotsa kale timasekondi pakati, kwinanso wawonjezera. Gitala inkagunda munthu atatuluka kalekale, nyimbo yachisoni kugwera pomwe anthu akuseka. Ndinabwereza zonse, popanda ndi tambala yowonjezera.

Ndiye afunseni kuti, "Kodi apa mudulanso?" Akati ayi, akulembereni pa WhatsApp, ndipo mugwirizane mtengo wa kubwereza akasintha maganizo, poti amasintha ndithu. Kanemayo abwere ndi manambala a nthawi pakona. Mukhale pansi ndi dailekitala, muonere limodzi, mulembe mphindi ndi sekondi yomwe nyimbo iliyonse ikulowa ndi kutuluka. Pomwe anthu akuyankhula, gitala ikhale pansipansi kapena ingokhala chete.

Mu pulogalamu yojambulira, ikani sample rate (muyeso wa kajambulidwe ka mawu) pa 48 kHz, osati 44.1 kHz yomwe tinazolowera pa ma CD. Tumizani mafailo a mawu a mtundu wa WAV, osati MP3, gitala payokha, ng'oma pazokha, kuti wosakaniza mawu athe kutsitsa chomwe chikusokoneza. Sungani ntchito pafupipafupi, magetsi satsanzika.

Za ndalama: theka poyamba, theka pomaliza, pangano lolemba lonena kuti nyimbo ndi ya ndani. Kalembetseni ku COSOMA, bungwe loteteza umwini wa ntchito zaluso ku Malawi, ndipo dzina lanu lioneke kumapeto kwa filimu. Akakupemphani kuti musewerenso ngati woyimba wa m'bala, vomerani, koma malipiro ake akhale apadera.