Keke ya mango ndi mabulosi pa mbaula

Kuno ku Dedza ma blueberry (tizipatso tabuluu tomwe ena amathira mu keke yotere) sapezeka pamsika wathu, koma musadandaule, mabulosi akuda amagwira ntchito yomweyo. Amabweretsa kakuwawasa kamene mango akupsa amasowa.

Sankhani mango a maboloma. A kalisere ndi otsekemera koma ulusi umachuluka. Dulani mango 4 m'zidutswa, sakanizani ndi kapu imodzi ya mabulosi, masupuni 2 a shuga ndi madzi a ndimu pang'ono. Onjezani supuni imodzi ya fulawa, kenako ikani zonsezi mu poto. Ine tsiku loyamba ndinaiwala fulawayo, pansi ponse panangokhala madzi okhaokha.

Chapamwamba: fikisani masupuni 3 a majarini mu kapu imodzi ya fulawa, thirani shuga, tiyisupuni imodzi ndi theka ya baking powder ndi theka la kapu ya mkaka. Musayale ngati chigumu ayi. Donthezani ndi supuni pamwamba pa zipatsozo apa ndi apo, kusiya mipata yoti nthunzi izitulukira.

Pa mbaula, makala ambiri akhale pachivindikiro, pansi ochepa, poti zipatso sizichedwa kupserera. Pakatha mphindi 35 suzumirani. Pamwamba pakafiira, msuzi wake n'kumabwata m'mbali, phulani, idikire kaye mphindi 10 kuti ilimbe.